Migolo Itapita ndi Madzi

Mpaka lero sindidziwa amene anauza ana aja kuti ukwati umachitika mu Febuluwale, mvula ili pakati. Koma mwamuna wa Elube anali mphunzitsi, anali atamusamutsira ku Karonga, ndipo anati sapita yekha. Uthenga unandipeza ku Bedfordview, kumene ndinkagwira ntchito ya m'nyumba kwa banja lina la Apwitikizi. Chinali chaka chotsatira chija chimene anthu anavota, ku Joni ndi kwathu komwe. Elube ndi mwana wanga woyamba. Ndinamusiya ku Balaka ali kamtsikana, ndipo chimusiyire ndinali ndisanamuonenso.

Diresi la ukwati tinasoka ndi Esinati, msuweni wanga wa ku Vosloorus, amene anali ndi makina apamanja. Lachinayi lililonse, tsiku limene antchito a m'nyumba tinkapuma, ndinkakwera tekisi ku Germiston n'kukatsika pakona pa nyumba yake, nsalu ili m'chikwama. Titamaliza, Esinati anati zonse zilowe mumgolo.

"Sutukesi amaba pa boda, sisi. Koma mgolo ndani angathawe nawo?"

Tinaugula kwa mayi wina wa Chisutu pafupi ndi siteshoni ya sitima ku Katlehong: mgolo wa pulasitiki, wabuluu, wondifika pamwamba pa chiuno. Tinautsuka mpaka fungo la mankhwala litatha. Diresi tinalikulunga m'mapepala a pulasitiki n'kuliika pakati pa mabulangete. Mwamuna wa Esinati anang'amba chubu cha njinga, anachiyala pakamwa pa mgolo, anavindikira, n'kumanga mkombero wachitsulo. Ine ndinatenga penti yoyera n'kulemba pambali pake kuti ELUBE.

Galimoto inali kombi ya a Jonasi, munthu wa ku Mwanza amene ankayenda pakati pa Joni ndi kwathu atakoka thirela kumbuyo. Anati tifike Lolemba m'mawa pabwalo la nyumba ina ku Vosloorus komweko. Ndinafika kusanatenthe. Ndinapeza kombi ilibe tayala limodzi, ndipo mwini wake kunalibe. Lachiwiri tayala linabwera koma anthu anali asanakwane. Tinkakhala pa katundu wathu, kutsatira mthunzi wa khoma. Ana a m'misewu ya kumeneko ankasuzumira pageti n'kumatitchula dzina lija amatchula alendo, ife n'kumangoyang'ana kumbali. Ndinkawerengera masiku m'mutu: ukwati unali Loweruka la sabata yotsatira, choncho mpata unalipo, koma mtima sunkamva zimenezo.

Pabwalopo ndi pamene ndinadziwana ndi Che Twaibu, wamalonda wa ku Machinga. Migolo yambiri ya pathirela inali yawo, yodzaza zovala ndi nsapato zokagulitsa. Anali munthu wamfupi, wa kapusi koyera, ndipo sankakhulupirira mfundo yomangidwa ndi munthu wina. A Jonasi akamanga, iwo ankabwera pambuyo n'kumasula, n'kumanganso. Kenako anapita kukagula chingwe chawochawo.

"Achemwali, katundu amatayika chifukwa cha manyazi," anandiuza akukoka chingwe ndi mano. "Ine manyazi ndinasiya ku Ntaja."

Womaliza kufika anali mkulu wina wowonda kwambiri, amene anabwera atamugwirizira mayi wa Chizulu. Anali a Sandifolo, mtchona wa kalekale, amene anachoka ku Neno dziko lisanalandire ufulu. Anagwira ntchito m'migodi ya ku Boksburg, anakwatira konko, mkazi anamwalira, ndipo tsopano chifuwa cha m'migodi chinali chitawamaliza. Mayi uja anali mwana wowapeza. Anayang'ana nkhope za tonsefe, n'kusankha ine, sindidziwa chifukwa chake. Anandigwira dzanja.

"Mama, ngiyacela, chonde. Akufuna akafike kwawo akuona."

Ndinavomera kuwayang'anira panjira. Pamaso pa munthu akulira ukanati chiyani? Anawakhazika pampando wa kumbuyo, pawindo, ine pambali pawo.

Tinanyamuka Lachitatu masana. Milu yachikasu ya dothi la m'migodi itayamba kutsalira kumbuyo, a Sandifolo anatembenuza khosi kuyiyang'ana mpaka inabisika. Chichewa chawo chinali chitachita dzimbiri. Mawu atatu akakhala athu, lachinayi linali la Fanakalo, chiyankhulo cha m'migodi.

Tisanafike ku Pietersburg tayala la thirela linaphulika. Losinthira linalipo, koma linali pansi pa migolo. Tinatsitsa zonse m'mbali mwa msewu, ndipo pokweza Che Twaibu anayambiranso mfundo zawo, imodziimodzi, dzuwa likupendeka. Mnzathu wina, telala wa ku Zomba, anati tikanangowamangira iwowo pamwamba pa katundu kuti mtima uwakhale pansi. Tinaseka tonse, iwo ayi.

Ku Beitbridge tinaswera tsiku lathunthu. Mzere unkayenda ngati nkhono, kutentha kosaneneka, madzi akumwa ogula. A Sandifolo anali ndi chikalata cha ulendo umodzi chimene anawapatsa ku Pretoria, ndipo wa pawindo anachitembenuza kangapo, anapita nacho mkati, anabwera, anapitanso. Mkuluyo sakanatha kuima, choncho ndinamukhazika pa chikwama changa n'kumamukupiza ndi katoni. Powoloka mlatho ndinaona Limpopo atadzaza mpaka m'mitengo, madzi ofiira, akunyamula ziputu. A Jonasi anangoti, "Kutsogoloku yagwa."

Zimbabwe yense tinamudutsa mvula ikugwa. Za Masvingo ndi Harare ndikumbukira mawindo a nthunzi, fungo la masokosi onyowa, ndi malalanje a Che Twaibu. Anali ndi kampeni kopinda kamene ankasendera, ndipo lalanje lililonse ankaligawa kwa onse, kuyambira kwa wodwala. Munthu wovuta pa chingwe, koma pa chakudya ayi. A Sandifolo ankatsokomola mpaka thupi lonse kugwedera, ine n'kumawapukuta pakamwa. Nthawi zina akagona ndinkaika dzanja pafupi ndi mphuno yawo.

Titalowa mu Mozambiki pa Nyamapanda, a Jonasi anaimitsa galimoto n'kutembenuka.

"Tamverani. Nkhondo inatha, koma mabomba okwirira sanamve kuti inatha. Wofuna kudzithandiza, pa tala pomwepa. Amayi kumbuyo kwa thirela, abambo kutsogolo. Wolowa patchire ndimusiya."

Palibe anatsutsa. M'mbali mwa msewu munali mafupa a malole opsa, udzu utamera m'mawindo. Tinawoloka Zambezi pa mlatho wa ku Tete, tinagona m'galimoto kutsidya, ndipo m'mawa tinayamba kukwera kulowera ku Zobue. Anthu anayamba kuyankhula za kwawo. Telala uja anavala shati yoyera.

Kenako tinapeza mzere wa magalimoto utaima.

Panali mtsinje, dzina lake sindinalisunge. Mlatho wake unawonongeka pa nkhondo ndipo unali ukukonzedwa, choncho magalimoto ankatsikira kumunsi n'kuwolokera pa simenti yoyalidwa pansi pa mtsinje. Masiku ena pamakhala pouma. Tsiku limenelo simentiyo sinkaoneka. Tinkangoona timitengo tosonyeza m'mphepete mwake, ndi madzi odutsa pamwamba. Mathiraki akuluakulu ankawoloka. Ang'onoang'ono tonse tinkadikira.

Tinadikira kuyambira m'mawa mpaka dzuwa litapitirira pamutu. Amayi a m'mudzi wapafupi anabwera ndi chimanga chootcha. A Jonasi anazika kamtengo m'mphepete mwa madzi, ndipo kanthawi kalikonse ankapita kukaona. Madzi ankatsikadi, koma kumapiri kunali kukuchita mdima. Bakki ina, kagalimoto kapabwalo kumbuyo, inayesa n'kuwoloka bwinobwino, anthu kutsidya akuimba m'manja.

"Tikadikira mvula yachiwiri ija, tigona pano mpaka Lamulungu," anatero a Jonasi. "Tsikani nonse, muwoloke pansi mutagwirana. Galimoto ipepuke."

Anthu anavula nsapato n'kulowa m'madzi, ofika m'maondo, penapake m'ntchafu. A Sandifolo anali mtulo, thupi likutentha, ndipo panalibe zoti n'kuwayendetsa. Ine ndinatsala nawo. Che Twaibu anakana kutsogola. Anati ayenda m'mbali mwa thirela, dzanja lili pa chingwe, kuti aone katundu wawo.

Tinalowa pang'onopang'ono. Ndinkamva madzi akugunda pansi pa mapazi anga, kuseri kwa chitsulo. Tinadutsa kamtengo koyamba, kachiwiri. Tili chapakati, ndinaona kutsogolo chithiraki chikutsika kuchokera kutsidya. Kaya woyendetsa sanatione, kaya mabuleki anakana pa matope, sindidziwa. Anthu anakuwa, anakweza manja, koma chinalowa, ndipo chinalowa ndi liwiro. Patsogolo pake panatukumuka phiri la madzi.

Chinatidutsa kumtunda kwathu, pafupi moti ndikanatha kugwira matayala ake. Funde loyamba linamenya kombi m'nthiti, galimoto inagwedezeka, madzi analowa pansi pa chitseko. Koma zoopsa zinali kumbuyo. Nditatembenuka ndinaona thirela yonse ikukwera m'mwamba ngati yanyamulidwa ndi manja. Migolo ija, yotsekedwa bwino, yodzaza zovala zopepuka ndi mpweya, inali itasanduka bwato. Matayala a thirela anachoka pa simenti. Funde linaitsitsa, lachiwiri linaikwezanso, ndipo apo mtsinje unaigwira n'kuyamba kuikhotetsera kumunsi, kumene simenti inathera.

Pa cholumikizira panamveka kulira kwa chitsulo, gu! Kenako gu! Funde lililonse likakweza thirela, matako a kombi ankakwera nawo. Injini inkalira koma sitinkapita. Ndinamva matayala a kumbuyo akuseseleka chammbali, pang'ono, n'kuima, pang'ononso. A Jonasi ankangoti, "Yesu, Yesu," akupondaponda.

A Sandifolo anali atadzuka. Anayang'ana kumbuyo kamodzi kokha. Anayamba kumenya windo ndi chikhatho, ndipo mawu amene anatuluka m'chifuwa chowonongekacho sindinawayembekezere.

"Sika lo ntambo! Sika!"

"Akuti chiyani?" anakuwa a Jonasi.

Ndinakankha windo. Che Twaibu anali m'madzi ofika m'chiuno, kumtunda kwa thirela, atakakamira chingwe ndi manja onse, akukokedwa. Kapusi kanali katapita.

"Akuti dulani chingwe! Che Twaibu, dulani! Migolo ichoke!"

Anandiyang'ana. Anayang'ana migolo yawo. Mgolo wanga unali pamwamba penipeni, dzina la mwana wanga likuoneka. Sindinama, pakamwa panga pankati dulani koma m'mimba munkati ayi. Funde lina linabwerera kuchokera kugombe, thirela inadumphanso, ndipo tayala limodzi la kombi linagwera kunja kwa simenti. Galimoto inapendekeka. A Sandifolo anagwera pa ine.

Che Twaibu anapisa dzanja m'thumba, anatsegula kampeni kaja ndi mano, n'kuyamba kucheka. Zingwe zinali zambiri, zawo zomwe, zomangidwa kawirikawiri. Anadula china, china, akutukwana m'Chiyao. Chomaliza chinaduka chokha n'kuwakwapula pamkono. Migolo inagubuduka, umodzi pambuyo pa unzake, n'kugwera mumtsinje. Thirela inakhala pansi nthawi yomweyo, ndinaimva ikugunda simenti. Amuna amene anali atawoloka anathamangira m'madzi, anagwira kombi m'mbali, anakankha, a Jonasi anaponda, ndipo tinatuluka madzi akuchucha m'zitseko.

Ndinatsika. Ndinakhala pa matope. Kumunsi ndinaona timadontho tabuluu tikuvinavina, tikukhota pa gomo, n'kusowa.

Woyendetsa thiraki uja sanaime n'komwe. Che Twaibu anakhala pamwala, magazi akutsika pamkono, akuyang'ana kampeni kawo. Ndinang'amba m'mphepete mwa chitenje n'kuwamanga.

"Alhamdulillah," anatero okha. Kenako, "Achemwali, munali katundu wa chaka chonse mmene muja."

Tinawatulutsa a Sandifolo n'kuwakhazika pansi pa mtengo. Zodabwitsa, maso awo anali owala kuposa masiku onse a ulendo. A Jonasi anatsegula injini kuti iume, kenako anabwera n'kunjuta pafupi nawo.

"Madala, munadziwa bwanji?"

Anayankha mopumira, mawu pang'ono, chifuwa, mawu pang'ono. Anati atasiya kulowa pansi pa mgodi anawaika pa damu la madzi otayidwa, kuyang'anira pampu. Pampuyo inkakhala pakati pa damu, pa thandala la matabwa lomangidwa pa migolo. Mphepo ya mvula ikabwera, damu linkachita mafunde.

"Chinthu chokhala pansi chili ndi miyendo, mwanawe. Madzi amachikankha, icho n'kukana. Koma choyandama, funde limayamba lachinyamula kunsi. Chikasowa popondera, ndiye limachimenya m'nthiti. Likachipeza chopingasa, nthiti yonse ili poyera, basi, lachitenga. Ndipo funde silibwera lokha. Lina likukweza, lina likutsitsa, lina likubwerera kuchokera kukhoma."

Anatsokomola nthawi yaitali. Ndinawapatsa madzi.

"Unyolo tikaumanga mokoka, m'mawa tinkaupeza utaduka. Tikausiya wolendewera, thandala linkangovina usiku wonse, m'mawa lilipo. Iwe unamangirira bwato ku galimoto, n'kutsitsanso anthu kuti galimoto ipepuke. Lo manzi yena skelem, madzi ndi kathyali."

"Nanga bwanji simunanene tisanalowe?"

"Ndinali mtulo. Ndipo ukanandimvera?"

A Jonasi anakanda m'mutu. "Ayi."

Ine zonsezo ndinkazimva ndi khutu limodzi. Ndinkaganiza za Elube, kuti ndikafika ndi manja awiri okha, patatha zaka zonsezi, ndidzamuuza kuti diresi lake lapita ku Zambezi.

Pakati pa anthu amene anasonkhana panali bambo wina wa m'mudzimo, wamtali, wovala malaya a asilikali opanda mabatani. Ndinayesa kumupatsa moni m'Chipwitikizi chimene ndinatola kukhitchini kwa abwana. Anaseka n'kundiyankha m'Chichewa chosalala.

"Mayi, musavutike. Ine ndine Fernando. Ndinakhala ku kampu ya othawa nkhondo kwanu ku Mwanza. Ufa wachikasu ndinadya wokwanira."

Anati mtsinjewo kumunsi umakhota pa bango, ndipo chilichonse choyandama chimakazungulira pamenepo chisanapitirire: mitengo, mbuzi zakufa, mabwato othawa. Tikafulumira mvula yachiwiri isanafike, mwina tipezako. Koma anati njira ndi imodzi yokha, ya ng'ombe, ndipo chifukwa cha mabomba aja wotsatira aponde pamene iye waponda.

A Jonasi anandiletsa. Ine ndinali nditavula kale nsapato. Tinapita anayi: a Fernando patsogolo, m'bale wawo atanyamula nsungwi yaitali yokhala ndi ngowe, Che Twaibu, ine pambuyo. Sindinaonepo tchire, kapena mtsinje, kapena thambo. Ndinkangoona zidindo za mapazi pa matope, ndi phazi langa likulowa m'menemo. Pena pake a Fernando analoza kumanzere osatembenuka, nati, "Apo panafera ng'ombe ya amalume." Sindinayang'aneko.

Pokhota paja tinaipezadi. Migolo ina inali pakati pa dziwe, ikuzungulira pang'onopang'ono, kukwera ndi kutsika, ngati ilibe mlandu. Koma iwiri inali itapanikizika pakati pa miyala, ndipo mafunde anali ataimenyetsa mpaka zivindikiro kuchoka. Malaya a ana, masiketi, nsapato za mwendo umodzi, zonse zinali zitamwazika m'bango, zofiira ndi matope. Ina sinaoneke n'komwe. Che Twaibu anaima, anayang'ana, n'kuyamba kutola zimene akanatha kufikira.

Wanga ndinauona pomaliza. Unali utakodwa pa mphanda ya mtengo wogwa, chafufumimba, dzina lili m'madzi. Funde likabwera unkakwera n'kugunda thunthu, likapita unkatsika. Kugunda kulikonse ndinkakumva m'mano. Mbali imodzi inali itaphwanyika kulowa mkati.

"Kokani msanga!" ndinatero.

"Tikakoka pamene madzi akuupanikiza, ngowe iboola," anayankha a Fernando. "Dikirani ukwere."

M'bale wawo anakwawa pa thunthu, anakola mkombero ndi ngowe, n'kudikira. Funde linabwera, mgolo unanyamuka, iye anangoukankhira pambali pang'ono, ndipo unatuluka pa mphanda wokha n'kubwera kugombe ngati mbuzi yozolowera. Ndinaukumbatira, matope ndi onse.

Kubwerera nayo inali ntchito ina. A Fernando anaitana anthu a m'mudzi, ndipo migolo inayenda pa mitengo, anthu awiriawiri, m'kanjira komweko. Che Twaibu anawapatsa zovala zonyowa zija kuti akachape avale, ndi zina zouma pamwamba. Ine ndinapatsa a Fernando juzi imene ndinavala. Mvula yachiwiri inatipeza tikumanga katundu, ndipo ulendo uno Che Twaibu anangoima n'kumaonerera a Jonasi akumanga.

Mgolo wanga sindinautsegule. Ndinauza anzanga kuti mkombero wapindika, ndipo unalidi wopindika, koma chifukwa chenicheni chinali mantha. Ndikaugwedeza ndinkamva kanthu kakuti khuvu pansi pake. Malinga ngati unali wotseka, diresi linali likadali loyera.

Kombi inavuta kulira, inalira, inazimanso pa chitunda, tinakankha. Tinagona pa Zobue chipata chitatsekedwa, ndipo m'mawa tinalowa kwathu. Pa Mwanza a kasitomu anati katundu yense atsike.

A Sandifolo anapempha kuti tiwatulutse. Anakana dzanja langa. Anaima okha atagwira chitseko, akuyang'ana mapiri a ku Neno, milomo ikuyenda. Mdzukulu wa mlongo wawo anali atadikira pachipatapo kuyambira Lachisanu, akufunsa galimoto iliyonse yochokera ku Joni. Ndinamva pambuyo pake kuti mkuluyo anadya chimanga cha zaka ziwiri asanatisiye.

Amene anafika pa mgolo wanga anali mayi wa yunifolomu, wa msinkhu wanga. Anayang'ana kuphwanyika kuja, matope, ndi dzina.

"Elube ndinu?"

"Ndi mwana wanga."

"Tsegulani."

A Jonasi anabwera ndi sipanala n'kukanula mkombero. Ine ndinayang'ana kumbali. Chivindikiro chitachoka ndinamva fungo la sopo, la m'nyumba mwa Esinati. Bulangete lapamwamba linali louma. Lachiwiri louma. Ndinapisa manja, ndinakhudza pulasitiki, ndinatulutsa. Mayi uja anandithandiza kufunyulula, ndipo diresi linatsika mpaka pansi, loyera monga tinalipindira, lopanda ngakhale kadontho. Anthu a pamzere anasiya zawo. Telala wa ku Zomba anayandikira, anatembenuza msoko n'kugwedeza mutu movomera. Ine ndinangokhala pansi, pa simenti ya boma, n'kulira mokweza ngati pamaliro.

"Nanga mukulira chiyani? Ukwati uli liti?"

"Loweruka."

"Ndiye pindani, lingade."

Madzi anali atalowadi, pa kamng'alu ka pansi. Bulangete lomaliza linali litamwa, ndipo mapaketi a shuga amene ndinaika pansi penipeni anali atasanduka phala. Panalibe zopita nawo ku Balaka. Kunja kwa mpanda kunali mayi wogulitsa tiyi. Ndinamupatsa shuga yenseyo n'kumuuza kuti awiritse kwambiri, athire kwa aliyense wa m'kombi yathu. Tinakhala pa benchi lake tonse, a Sandifolo pakati, makapu m'manja.

Che Twaibu anapsontha kamodzi n'kukwinya nkhope.

"Achemwali, tiyi ameneyu akununkha mtsinje."

"Imwani choncho."

Anamwa mpaka pansi, anayang'ana m'kapu, n'kuipereka kuti awathirirenso.